Njira ya Kumanda Inkadutsa pa Bwalo la Ndege

Ana anga, Tiyanjane ndi Madalitso, alendo akafika pakhomo pano mumakonda kuwaonetsa chishango chija chili pamwamba pa kabati, n'kumawauza kuti bambo anu anapulumutsa ndege. Ine ndimangomwetulira, chifukwa kutsutsa mwana pamaso pa alendo si bwino. Komatu ndegeyo sindinaigwire mapiko. Chimene ndinachita n'kuimitsa maliro a kubanja kwa mayi anu pakati pa njira, ine mkamwini wochokera kutali, ndipo zinatsala pang'ono kundisiyanitsa ndi mayi anuwo. Popeza ndapuma ntchito ndipo maso akadaona, ndati ndilembe mmene zinayendera.

Chaka chimene ndinayamba ntchito: ku Lifupa

Za ubwana wanga sindichulutsa. Agogo anu anachoka ku Phalombe kudzalima fodya wa bale ngati matenanti kuno ku Kasungu, ndipo ine ndinakulira m'zigafa, manja ali bii ndi utomoni wa fodya. Sukulu ndinalekezera panjira. Ntchito yanga yoyamba yolandira pamwezi inali yotchetcha udzu pa kabwalo ka ndege ka m'nkhalango yosungira nyama, kufupi ndi damu la Lifupa, kumene ndege zing'onozing'ono zinkatsitsa alendo odzaona njovu. Ndinapita ndi mtima woti ndikaphunzira za mainjini. Anandipatsa chikwakwa, ndowa ya laimu ndi burashi yothothoka.

Kapitawo wathu anali a Zgambo, bambo wamtali wa kumpoto kwa boma lino, amene akapsa mtima Chichewa chinkawathawa n'kutsala Chitumbuka chokhachokha. Iwowa ndiwo anandipatsa dzina loti Mafunso, limene anzanga akale amanditchula nalo mpaka lero. Sindiwaimba mlandu, chifukwa ndinkawatopetsadi. Ndinkafuna kudziwa chifukwa chake ndege imatera moyang'anana ndi mphepo, chifukwa chake miyala ya m'mbali mwa bwalo timaipaka laimu, ndi chifukwa chake chithumba chopachika pamtengo chosonyeza kolowera mphepo, chimene tonse tinkangochitcha sokosi, chinkasamalidwa kuposa ine. Zina ankandiyankha, zina ankangoti, “Kafumbe payiloti, ine nkhumanya yayi.” Ankaganiza kuti ndichita manyazi, koma ine ndinkapitadi kukafunsa. Safunsa anadya phula, ndipo ine phula sindinkalifuna.

Zinthu ziwiri zimene a Zgambo anandiphunzitsa ndinayenda nazo moyo wanga wonse. Choyamba chinali kuyenda bwalo lonse m'mawa uliwonse, maso ali pansi, kufunafuna dzenje la njiri, kachulu kamene chiswe chautsa, kapena ndowe za njovu zimene zikauma zimalimba ngati njerwa. Ankati, “Anthu amayesa ndege imagwa kumwamba. Zambiri zimagwera pansi pompano, pamene tikupondapa.” Chachiwiri chinali khutu. Tikamadikira ndege ankandiuza kuti nditsinzine, kenako n'kundifunsa kumene ikuchokera ndi chimene ikuchita. Ndege yongodutsa imalira mawu amodzi osasintha. Yofuna kutera mawu ake amatsika, amakhala ngati munthu amene wasiya kukangana. Poyamba ndinkangolota, iwo n'kumandiseka, koma m'kupita kwa nthawi ndinayamba kuimva iwo asanaimve. Tsiku limene izi zinachitika koyamba sanandiyamikire. Anangoti makutu awo alowa fumbi.

Zaka za ku esiteti

Patapita zaka zingapo kampani ina ya maesiteti a fodya inafuna munthu woyang'anira bwalo lake la ndege, chapakati pa Mtunthama ndi Chamama. A Zgambo anatchula dzina langa, mwina pofuna kupuma ku mafunso. Kumeneko ndege zinkabwera ndi mabwana oyendera minda, ogula fodya, ndipo nthawi zina kudzatenga wodwala wakayakaya. Njovu kunalibe. Kunali njinga, ngolo zodzaza mabelo, mbuzi, ndi amayi ochokera kuchigayo, onse akudutsa pabwalo ngati pakhomo pawo. Ndinazindikira msanga kuti njati njosavuta kuithamangitsa, chifukwa siyankha.

Zosowa zinali zambiri. Waya wa mpanda anthu anamutha pang'onopang'ono, ndipo ndinkamuona m'midzi atayanikapo zovala. Chikwangwani choletsa kudutsa ndinakachipeza chili chitseko cha khola la nkhumba. Sokosi itang'ambika tinadikira ina mpaka kutopa, kenako tinasoka yathu ndi matumba a feteleza. Koma chimene chinkandisowetsa mtendere chinali ovaova, wailesi yolankhulirana ndi apayiloti ndi a ku ofesi. Batire yake ikatha, ine ndinkasanduka wogontha ndi wosalankhula, ndipo ina inkachedwa kubwera chifukwa a ku ofesi ankaona kuti feteleza ndiye wofulumira.

Mayi anu ndinakumana nawo pabwalo pomwepo. Ankadutsa atasenza ufa, ine n'kuwaimbira wenzulo mwamphamvu ngati wapolisi. Anaima, anandiyang'ana kuyambira kumapazi, n'kunena kuti, “Achimwene, bwalo lanuli ndi limene linapeza njira. Njira sinapeze bwalo.” Atatero anapitiriza ulendo osafulumira n'komwe. Ndinafunsa kwa anthu kuti mtsikana wamwano chotere ndi wa kwa yani, ndipo mafunso amenewo anathera pa chinkhoswe. Ndinakamanga nyumba m'mudzi mwawo, kuseri kwa bwalo, monga achitira mkamwini aliyense.

Mwini mbumba anali a Kachigamba, malume awo a mayi anu, nkhalamba yoseketsa yokonda fodya wamphuno. Abale ena ankanyinyirika kuti mwana wa tenanti alibe kwawo, koma iwo anandilandira n'kutilozera munda. Ankakonda kundigemula kuti, “Mkamwini, inu mumalondera ndege za masana. Nanga za usiku zija, za malichero, amalondera ndani?” Ine ndinkayankha kuti zimenezo sizilembetsa ku ofesi, ndiye ankaseka mpaka kutsokomola.

Njira imene mayi anu ankanena inalidi yakale kuposa bwalo. Inkachoka m'mudzi, kudula bwalo pakati penipeni, n'kukalowa m'msitu wa manda kutsidya. Manijala wathu wa nthawi imeneyo, a Msiska, munthu wabwino koma wopupuluma, anandituma kukauza a Kachigamba kuti maliro azizungulira kudambo. Ndinapita ndi mafunso anga, chifukwa inenso ndinkafuna kumvetsa.

“Kodi amalume, kuzungulira kudambo kungalakwike chiyani?”

“Dzinja mungadutse nalo bokosi m'matope aja?” anatero. “Komanso onse amene agona kumeneko anapita ndi njira iyi. Ine ndidzayambe yanga yanga?”

“Nanga ndege ikamabwera, sangaime pang'ono n'kudikira?”

Apa anasiya kuseka. “Mkamwini, bokosi likanyamulidwa pakhomo siliima ndipo silikhudza pansi mpaka kumanda. Onyamula amalandirana likuyenda. Likaima panjira, anthu amati mwini wake akukana kupita, ndipo amayang'ana kuti laima pamaso pa yani.”

Tinapangana kuti kukagwa maliro azindiuza, ine ndiziuza a ku ofesi pa ovaova kuti ndege isabwere mpaka anthu atabwerako kumanda. A Msiska anavomera monyinyirika. Pangano limeneli linayenda bwino zaka zambiri, mwakuti ndinayamba kudzitama nalo.

Chilimwe chimene a Kachigamba anatisiya

A Kachigamba anamwalira m'nyengo yotentha, anthu akuthirira nazale za fodya, tchire likupsa mbali zonse. Kumwamba kunali mbuu ndi utsi, moti dzuwa unkatha kuliyang'ana osaphethira. Ovaova inali itafa kwa masabata angapo. Dalaivala wa lole ya kampani anali atandiuza kuti kukubwera ndege, koma tsiku limene ananena sinabwere, ndipo panalibe wondiuza ngati yalephereka kapena yangochedwa. Ndinatumiza uthenga wa maliro ku ofesi ndi munthu wa njinga, koma ngati unafika m'makutu mwa payiloti, ine sindikanadziwa.

Tsiku loika maliro malo anga anali pakati pa akamwini anzanga, kuwaza nkhuni ndi kutumikira. Ndinakagwada kwa alamu anga a Lufeyo, mchimwene wawo wamkulu wa mayi anu, amene umwini mbumba unali kugwera pa iwo, n'kupempha kuti ndikaime kubwalo mpaka maliro atawoloka. “Pitani,” anatero. “Kampani ndiyo inakupatsani munda.” Mawuwo anandibaya, chifukwa nkhalamba ija ndinkaikonda ngati bambo wanga. Ndinatenga mbendera yofiira ndi wenzulo, n'kukaima pamene njira imalowera m'bwalo.

Dzuwa litapendeka ndinamva nyimbo zikuchoka m'mudzi. Unali mnzere wautali, adzukulu patsogolo atanyamula bokosi paphewa, abambo pambali, amayi a mvano pambuyo akuimba mokweza. Anthu ochuluka chotero, nkhalamba ndi ana omwe, sakanawoloka bwalo lija mwachangu. Ndinavula chipewa. Ndiye pansi pa nyimbozo ndinamva kanthu kena, chakum'mwera. Ndinatsinzina. Inali ndege, ndipo mawu ake anali atatsika kale.

Mwachizolowezi payiloti amayamba wadutsa pamwamba kuti aone ngati bwalo lili bwino, kenako n'kuzungulira kudzatera. Iyi sinkazungulira. Inkabwera molunjika. Ndinayang'ana kumwamba, osaona kanthu koma utsi. Kuikupizira mbendera kunali kungotaya nthawi, chifukwa ngati ine sindinkaiona, nayonso sinkandiona. Ndinakumbuka mawu a a Kachigamba aja onena za bokosi loima panjira, ndipo ndinadziwa bwinobwino chimene anthu adzanene. Ndinachita mantha kwambiri. Komabe ndinalowa pakati pa njira n'kutambasula manja.

“Imani! Ndege ikutera!”

Adzukulu anachepetsa liwiro koma sanaime. A Lufeyo anatulukira pambali pa bokosi. “Alamu, mwapenga? Chokani.”

“Ndege ikubwera, alamu. Ndikuimva.”

Anayang'ana kumwamba, abambo ena nawonso anayang'ana. “Ili kuti? Ndani wina akuimva?” Abambo aja anapukusa mitu. Amayi kumbuyo, posadziwa chimene chikuchitika, ankangoimbabe. “Mkamwini asamakule mwendo,” anatero a Lufeyo motsitsa mawu. “Amalume akupita kwawo. Mukufuna akudutseni pamwamba?”

Bokosi linafika mpaka kundikhudza pachifuwa. Ndinamva fungo la matabwa atsopano. Mdzukulu wina anandigwira kolala, wina n'kundikankha paphewa, ndipo ndinadziwa kuti andiponyera kumbali ngati thumba. Ndikanatha kulimbana ndi mmodzi, koma osati ndi mudzi wonse.

Apo m'pamene mayi anu anatuluka m'gulu la amayi. Tiyanjane, iwe unali kumbuyo kwawo, pa mbereko. Anayenda osathamanga, anadutsa pambali pa bokosi la malume awo, anafika pamene ndinaima, n'kukhala pansi pakati pa njira, miyendo atatambalala monga akhalira amayi pamaliro. Sanandiyang'ane n'komwe. Wondigwira kolala uja anandisiya. Kukankha mkamwini n'kosavuta, koma kulumpha mwana wamkazi wa pamudzi, namfedwa, ali ndi khanda kumsana, palibe anafuna kuyamba. Bokosi linaima. Nyimbo zinazima kuchokera kutsogolo mpaka kumbuyo.

Kunangoti zii. Kamphepo kanali katatembenuka, ndipo kwa kanthawi ngakhale ine sindinamve kanthu. Ndinadzifunsa ngati makutu anga andinamiza pa tsiku loipitsitsa. Kenako mayi wina anakuwa. Ndege inatuluka mu utsi ili m'munsi kwambiri, pamwamba pa mitengo ya kumapeto kwa bwalo, ndipo matayala ake anagunda pansi pafupi ndi pamene njira imadutsa. Fumbi lake linatikuta tonse, mpaka nsalu ya pabokosi inasanduka yofiira. Adzukulu sanalitsitse bokosilo. Anaima nalo paphewa chomwecho, maso ali tong'o.

Payiloti anali mayi wachitsikana, a Jere, ndipo ananyamula anthu a kampani ndi namwino mmodzi. Anatsika, anaona bokosi, anavula chipewa n'kuima chilili mpaka munthu womaliza atawoloka. Pambuyo pake anandiuza kuti anasochera mu utsi, mafuta anatsala pang'ono kutha, anaitana pa wailesi osayankhidwa, ndipo ataliona bwalo analibenso mpata wozungulira. Ndinawafunsa ngati anationa. “Ndinakuonani nditakudutsani kale,” anatero.

Zaka zotsatira

Mungaganize kuti mudzi unandithokoza. Ena anandithokozadi, koma mobisa, tikakumana awiri panjira. Pagulu nkhani inali ina. Ankati ndege ili ndi maso, ikanaona anthu n'kukweranso. Ankati kuyambira makolo bokosi silinaimepo panjira imeneyo, ndipo laima pamaso pa mlendo. Kenako wina anafunsa funso limene ngakhale ine Mafunso linandigometsa: munthu amamva bwanji ndege imene mudzi wonse sukuimva? Nthabwala ya a Kachigamba ya ndege za usiku inabwerera ilibenso kuseka. Amayi ankakokera ana awo kumbali ndikamadutsa.

Titasesa pakhomo potseka maliro, abale anakhala pansi. Ndinapereka mbuzi yopepesera, anailandira, koma a Lufeyo ananena poyera kuti ine ndizipita kwathu ku Phalombe, mlongo wawo ndi mwana atsale. Kwathu kwake kuti? Ku Phalombe ndinachokako ndili wosavala. Anatembenukira kwa mayi anu n'kuwafunsa chimene anakhalira pansi kutsogolo kwa malume awo. Ine ndinatchera khutu kuposa wina aliyense. Mayi anu anati, “Ndinatopa, achimwene.” Anawafunsanso kawiri, yankho linali lomwelo. Kutacha anamanga mapoto ndi mphasa m'chitenje, n'kunditsatira ku kanyumba ka kampani ka m'mphepete mwa bwalo, kamene tinkasungiramo laimu ndi zikwakwa.

Mudzi unali pafupi, utsi wa m'makhitchini mwawo tinkauona, koma tinali ngati tasamukira ku Joni. Munda anaugawira ena. Kukakhala ukwati kapena chinkhoswe mayi anu sankaitanidwa kukaphika, iwo amene kale mphika waukulu unkadikira dzanja lawo. Madalitso, iwe utabadwa agogo ako aakazi sanabwere kudzakuona mpaka utayamba kukwawa. Zimenezi zinandipweteka kuposa kutchedwa mfiti, chifukwa ndinkaona mayi anu akusinja okha, nkhope atalozetsa kumudzi. Sanandidandaulirepo ngakhale tsiku limodzi, ndipo kusadandaula kwawoko kunkandilemera.

Kuntchito zinthu zinasintha. Batire inabwera sabata yomweyo, ndipo a Msiska anayamba kundipatsa moni wa dzanja. Ndinapachika chitsulo cha gudumu la thirakitala pamtengo, n'kumachimenya ndege ikamayandikira, kuti wa njinga ndi wa ngolo amve ali kutali. Pa maliro otsatira, a Lufeyo anabwera okha, anaima patali n'kufunsa akuyang'ana sokosi, osati ine, kuti, “Lero kumwamba kuli bwanji?” Kuyambira pamenepo bokosi silinkanyamulidwa pakhomo ndisanayankhe funso limenelo. Pang'onopang'ono moni anabwerera, ndipo patapita zaka anatipatsa kamunda kena. Koma alamu anga aja mpaka kumwalira kwawo sanadyepo m'nyumba mwanga.

Pa zaka zonsezi mayi anu sindinawafunse za tsiku lija. Zoti anatopa ndinkadziwa kuti n'zonamizira. Ndinkakhulupirira kuti nawonso anaimva ndege ija, popeza anali atakhala ndi ine nthawi yaitali, ndipo madzulo ena tinkapikisana kuti ayambe kuimva ndani. Maganizo amenewa ankanditonthoza. Anthu akamandinena, mumtima ndinkati ndili ndi mboni imodzi imene ikudziwa kuti sindinalote.

Chaka chimene ndinapuma ntchito

Nditatsala pang'ono kupuma, a ku ofesi anandiitana n'kundiuza kuti bungwe lina la apayiloti ndi eni ndege zing'onozing'ono likufuna kulemekeza anthu amene athandiza kuti maulendo a pandege akhale otetezeka, ndipo dzina langa lilipo. Amene analipereka anali a Jere aja, amene tsopano anali kaputeni wa imvi, wophunzitsa anzawo. Anati ndibwere ndi akunyumba. Mayi anu anayamba akana, amvekere alibe nsapato zolowera mu hotela, koma Tiyanjane unawagulira ndipo anasowa pothawira.

Mwambowo unachitikira ku Lilongwe, masana, m'chipinda chozizira ngati m'nyengo ya chisanu. Tisanayambe ndinazungulira kucheza ndi anzanga olandira ulemu, chifukwa ndinkafuna kudziwa kuti iwo anachita chiyani. Panali makaniko wina amene anakana kulola ndege kunyamuka chifukwa cha kachitsulo kamene sikanamusangalatse, bwana wake n'kumuopseza kuti amuchotsa ntchito. Panali mayi wina woona zanyengo amene anabweza ndege yonyamula anthu olemekezeka, kunja kukuoneka kowala bwino. Panali mkulu wina wozimitsa moto amene anagwira ntchito moyo wake wonse osazimitsapo ndege ngakhale imodzi, koma galimoto yake inkalira m'mawa uliwonse. Ndinadabwa kuona kuti tonsefe tikulemekezedwa chifukwa cha zinthu zimene sizinachitike. Mlimi amaonetsa mabelo, mmisiri amaloza nyumba, koma ife tinalibe choloza. Ndinamufunsa makaniko uja ngati anzake anamuthokoza nthawi imeneyo. Anaseka. “Akulu, chaka chonse ndinkadya ndekha.” Ndinamva ngati ndapeza mbale wanga.

Itafika nthawi yanga a Jere anaimirira n'kufotokoza za tsiku lija, poyamba m'Chingerezi, kenako m'Chichewa. Anati anthu amene akanafa pabwalo paja sakudziwa n'komwe kuti ali ndi ngongole ya moyo, ndipo iwonso ana awo sakanabadwa. Kenako anati, “Bambo awa anaima okha kutsogolo kwa mudzi wonse.” Anthu anaomba m'manja. Ndinayang'ana mayi anu. Anali atavula nsapato zija pansi pa tebulo, akuomba m'manja limodzi ndi onse. Ndinafuna kukonza mawuwo, koma chishango chinali kale m'manja mwanga, wojambula akundiuza kuti ndimwetulire, ndipo Chingerezi changa chinali chitabalalika.

Tinabwerera m'mawa mwake. Titatsika pa Kasungu tinakhala pamthunzi kudikira galimoto ya ku Mtunthama, tikumwa thobwa, chishango chili m'jumbo pamiyendo panga. Mawu a a Jere ankandivutabe. Ndinaona kuti ndafunsa apayiloti, mabwana, nkhalamba ndi alendo omwe, koma munthu amene ndagona naye nyumba imodzi zaka zonsezi sindinamufunse.

“Nabanda,” ndinatero, “kaputeni uja analakwitsa. Sindinaime ndekha.”

“Mwayamba,” anatero mayi anu. “Imwani thobwa.”

“Ayi, ndiuzeni. Tsiku lija munayamba kuimva muli pati? Muli pamtengo wa muwanga paja, kapena mutayandikira?”

Anandiyang'ana ngati ndafunsa za kumwezi. “Kumva chiyani?”

“Ndege.”

“Bambo a Tiyanjane, ine ndinali pakati pa amayi a mvano, ndikulira malume anga, mwana akulira kumsana. Ndikanamva ndege? Ndege yanuyo ndinaimva pamodzi ndi anthu onse, itatsala pang'ono kutimeta.”

Ndinaika botolo pansi. “Ndiye munakhaliranji pansi?”

“Nyimbo za kutsogolo zitayamba kusokonekera ndinasuzumira, n'kuona anthu akugwirani kolala. Ndinayang'ana uku ndi uku, panalibe ndi mmodzi yemwe wa kwanu.”

“Koma munakhulupirira kuti ikubwera?”

“Sindinadziwe. Inu mumalakwitsanso nthawi zina.”

Galimoto ya ku Mtunthama inali itafika, kondakitala akukuwa, anthu akuthamangira malo. Ine ndinalephera kunyamuka. Mboni imene ndinaidalira zaka zonse zija sinamve kanthu, ndipo inataya munda, abale ndi mayi ake chifukwa cha mawu a munthu amene mwina ankalota. Misozi inalengeza m'maso mwanga pa depoti, pamaso pa ogulitsa mandasi.

“Nanga ikanapanda kubwera?” ndinafunsa.

Mayi anu anaimirira, anakonza chitenje, n'kunyamula nsapato zawo m'manja.

“Tikanachita manyazi tonse awiri,” anatero. “Tiyeni, malo atha.”